Zimbale zitatu za mafilimu a Thelma Ritter: ndakhutira, koma chimodzi chandidandaulitsa

Ndinaoda ma DVD atatu kwa munthu wina wogulitsa zinthu zogwirapo kale ntchito pa intaneti: All About Eve ya 1950, Pickup on South Street ya 1953 ndi Rear Window ya 1954. Katunduyu anafika patatha sabata imodzi, atakulungidwa bwino, mtengo wakenso sunali woboola m'thumba.

Sindinagulire Bette Davis, James Stewart kapena Grace Kelly, ngakhale nkhope zawo ndi zomwe zadzaza pazikuto. Ine ndinkafuna mayi Thelma Ritter. Ndimagwira ntchito yosamalira okalamba kuno ku Leeds, ndipo agogo ena omwe ndinkawasamalira ankakonda kuonera Rear Window masana. Mufilimuyi mayi Ritter ndi Stella, namwino wotumidwa ndi kampani ya inshuwalansi kukasamalira wojambula zithunzi wothyoka mwendo. Amamusisita msana uku akumudzudzula chifukwa chosuzumira anthu oyandikana nawo pawindo, koma pomaliza iwo omwe amapezeka akukumba nawo m'dimba la maluwa kufuna umboni wakuti munthu waphedwa. Nditawaona ndinati uyu ndi mnzanga wapantchito: manja ali kalikiliki, pakamwa posabisa mawu. Chimbale cha filimuyi chilibe vuto, mitundu ikuwala bwino, mawu akumveka.

Mayiwa anabadwira ku Brooklyn mu 1902. Anayamba ndi zisudzo zapasiteji, kenako analera ana awo awiri uku akugwirako ntchito pawailesi. Mufilimu anayamba kuonekera mu 1947 ali ndi zaka 45, pa kagawo kakang'ono mu Miracle on 34th Street, dzina lawo osalembedwa n'komwe. Kuchokera apo anapikisana nawo pa mphoto ya Oscar maulendo 6 ngati wosewera wothandizira, osapambanako ngakhale kamodzi. Zimenezi zimandiwawa. Mphoto yomwe anailandira ndi ya Tony mu 1958, ya zisudzo za ku Broadway, ndipo anagawana ndi Gwen Verdon. Pa TV ankaonekanso, monga mu Alfred Hitchcock Presents mu 1956. Anamwalira mu 1969 ndi matenda a mtima.

Mu All About Eve iwo ndi Birdie, wantchito wa katswiri wazisudzo Margo Channing. Pamene aliyense akugwidwa chifundo ndi nkhani yomvetsa chisoni ya mtsikana Eve, Birdie yekha ndiye akununkhiza bodza. Chondikhumudwitsa n'chakuti filimu ikafika chapakati Birdie amangozimiririka, osaonekanso mpaka kumapeto. Limenelo si vuto la wogulitsa, koma wogula chifukwa cha mayi Ritter adziwiretu.

Pickup on South Street ndiyo yandigwira mtima kuposa zonse. Ndi yaifupi, pafupifupi mphindi 80, yopanda mitundu, anaitsogolera ndi Samuel Fuller. Mayi Ritter ndi Moe, mayi wotopa woyenda ndi kachikwama ka mataye m'misewu ya New York, amenenso amagulitsa kwa apolisi nkhani za anyamata opisa m'matumba. Ndalama zomwe amapeza sadyera. Akusunga kuti agule malo a manda ndi chiliza, poopa kukakwiriridwa kumanda a osauka opanda abale. Ife okhala kunja kuno timasonkherana mwezi ndi mwezi kuti wina akatisiya mtembo wake ukafike kumudzi, ndiye mantha a Moe sindinafunikire wondimasulira.

Pali chigawo china chomwe Moe wabwera kuchipinda kwake usiku, miyendo ikuphwanya, waika nyimbo pagalamafoni n'kugona pabedi. Akupeza kuti m'chipindamo muli munthu wamfuti amene akufuna kudziwa komwe kuli Skip, mmodzi wa opisa m'matumba aja, yemwe akuseweredwa ndi Richard Widmark. Moe, amene moyo wake wonse wakhala akugulitsa mayina a anthu, akukana kugulitsa ili. Sakuwa, salira mokweza. Amangolankhula za kutopa kwake ndi mawu otsika. Ndinaimitsa filimu kaye pamenepo, misozi ili m'maso. Kenako Skip amakalanditsa bokosi la Moe paboti lopita kumanda a osauka aja kuti akamuike mwaulemu.

Tsoka ilo, chimbale chimenechi ndicho chinabwera ndi mavuto. Chinali chokalikakalika kunsi, ndipo chinkaima kawiri chakumayambiriro mpaka nditachipukuta ndi kansalu kofewa. Chachikulu n'chakuti chilibe mawu olembedwa pansi pa sikirini oonetsa zomwe osewera akulankhula, pomwe wogulitsa analemba kuti zonse zitatu zili nawo. Chingerezi cha ku Brooklyn cha mayi Ritter n'chothamanga, chodzaza ndi mawu a mumsewu, moti malo ena ndinabwereza katatu kuti ndimve. Nditamulembera wogulitsayo anayankha tsiku lomwelo, anapepesa n'kundibwezera ndalama ya chimbale chimodzicho osalimbalimba.

Ndikupereka nyenyezi 4 mwa 5. Musanalipire, funsani wogulitsa akutumizireni chithunzi cha kuseri kwa chikuto, muone nokha ngati mawu olembedwa pansi alipo. Ine tsopano ndikusakasaka The Mating Season ya 1951, momwe mayi Ritter amakalowa ntchito yophika m'nyumba ya mwana wawo, mpongozi wawo osadziwa kuti wophikayo ndi apongozi ake.