Chala cha bwana ndi dzanja lolamula: mafilimu awiri onyogodola ulamuliro

Mafilimu awiri akalewa, onse pamodzi, sakwana ngakhale mphindi 30, koma sindinganene kuti ndi ofanana kulemera kwake. Yoyamba ndi Zhil-byl Kozyavin, filimu ya zojambula imene Andrei Khrzhanovsky anapanga mu 1966 ku situdiyo ya mafilimu ya Soyuzmultfilm mumzinda wa Moscow, yonena za kalaliki wotchedwa Kozyavin. Bwana wake atamutuma kukasaka munthu wina dzina lake Sidorov n'kumulozera ndi chala kolowera, kalalikiyo amangolunjika komweko osakhota, kudutsa m'chipululu ndi m'nyanja, mpaka kuzungulira dziko lonse n'kubwerera ku ofesi chimanjamanja. Ndinaseka ndithu, ngakhale kuti nthabwala yake ndi imodzi yokha, ndipo mawu omasulira Chirasha pa kope limene ndinapeza ankabwera mochedwa.

Imene yandikhala mumtima ndi Ruka, kutanthauza dzanja, filimu ya zidole ya mphindi 18 imene Jiří Trnka anapanga ku Czechoslovakia mu 1965. Mulibe mawu olankhulidwa ngakhale amodzi, choncho sifuna womasulira. Mmisiri wina akungofuna kuumba miphika yodzalamo duwa lake, koma dzanja lalikulu lovala golovesi likulowa m'nyumba mwake n'kumulamula kuti aziumba chifaniziro cha dzanja lomwelo. Poyamba likumunyengerera, kenaka likumuvutitsa kudzera pa lamya, nyuzipepala ndi wailesi ya kanema, ndipo pamapeto pake likumumanga zingwe m'mikono n'kumutsekera m'khola, kumene akusema chifanizirocho napatsidwa mamendulo.

Chimene chinandidabwitsa ndi nkhope ya chidolecho. Siisintha konse, koma chifukwa cha mmene Trnka anagwiritsira ntchito kuwala ndi mthunzi, woonera amaona mantha ndi kutopa pankhope yomweyo. Mmisiriyo atathawa n'kufika kwawo, akukhoma zitseko ndi mazenera mwamantha, ndipo mphika wa duwa lake lomwe lija ukugwa pamwamba n'kumupha. Dzanja lija ndi limene likumukonzera maliro aulemu.

Amene ali ndi nthawi yochepa ayambe ndi Ruka, ndipo aionere pamalo opanda phokoso, pakuti nyimbo ndi kugogoda kwa pakhomo ndizo zikusenza nkhani yonse. Trnka mwini wake anamwalira mu 1969, boma linamuika m'manda mwaulemu waukulu, kenaka linaletsa filimuyi kuonetsedwa.