Miyezi 11 tikugawana magemu pa Steam Families, pakhomo zayenda bwino koma malo amodzi ndinawapereka mopupuluma

Tinalowa mu Okutobala 2024, patangodutsa mwezi umodzi Valve, kampani ya Steam (sitolo ya pa intaneti ya magemu a pa kompyuta), itatsegulira aliyense Steam Families, ndipo ndikanalemba sabata yoyamba ija bwenzi ndikungoyamikira zokhazokha chifukwa tonse pakhomo tinali osangalala heve. Pano padutsa miyezi 11, tadutsamo dzinja la magetsi ozimazima, maholide awiri a ana, komanso mkangano umodzi ndi mnzanga wapamtima, ndiye ndikuona kuti tsopano ndingathe kunena zenizeni.

Kwa amene simunagwiritseko ntchito, nkhani yake ndi iyi. Mumapanga gulu la anthu osaposa 6 kuwerengera ndi inuyo, aliyense ndi akaunti yake ndi pasiwedi yake, ndiye magemu onse amene aliyense anagula amalowa mumphika umodzi. Gemu imakhalabe ya mwini wake koma enawo amatha kuisewera, ndipo aliyense amakhala ndi pomwe analekezera pakepake, palibe zofufutirana. Ife tinayamba ndine, mayi akunyumba, mng'ono wanga, msuweni wathu amene amakhala nafe, mwana wa achemwali anga wazaka 14, ndiye wachisanu ndi chimodzi mnzanga wa kukoleji. Za ameneyu ndifika.

Chimene chinandikoka kwambiri ndi kusiyana kwake ndi njira yakale ija ya Family Sharing. Kale munthu akabwereka gemu yako, iwe mwini ukangotsegula gemu iliyonse, ngakhale ina yosiyana nayo, mnzakoyo amapatsidwa mphindi zochepa kuti aseve atuluke kapena agule yake. Laibulale yonse inali ngati njinga imodzi, mwini akaifuna wina atsike. Mng'ono wanga anavutika nazo zaka zingapo, amachita kundifunsa kaye kuti achimwene lero musewera nthawi yanji kuti adziwe ngati n'kuyamba kapena ayi. Pano amawerengera gemu imodzi imodzi. Loweruka lina madzulo ndinadzuka pa desiki kukatunga madzi akumwa, ine ndaimika kaye lole yanga mu Euro Truck Simulator 2, pabalaza mng'ono wanga ali pa Hades pa laputopu mano ali gwa, kuchipinda mwana wa achemwali akuthirira mbewu zake mu Stardew Valley, magemu atatu onsewo ogula ine ndipo palibe amene akuthamangitsa mnzake. Ndinaima pakhomo kanthawi ndithu kumangowayang'ana, zinandikhudza.

Koma dziwani kuti gemu imodzi ndi ya munthu mmodzi pa nthawi imodzi. Mayi akunyumba atakopeka ndi Stardew yomweyo ndi kufuna kulima munda umodzi ndi mwanayu, zinakanika, wachiwiri akafuna kulowa imamuuza kuti wina akuigwiritsa ntchito. Tinadikira selo ya mu Disembala, nthawi imene Steam imatsitsa mitengo, tinagula kope yachiwiri pa akaunti ya mayiwo, ndipo chosangalatsa n'choti makope awiriwo ndi a gulu lonse, anthu awiri alionse atha kusewera limodzi, sikuti mpaka akhale eni ake. Ndiye pa magemu osewera pamodzi kudzera mugululi musadzinamize kuti mugula imodzi basi.

Pa ndalama ndi pamene ndaona phindu lenileni. Kuno mitengo ya pa Steam timaiona m'madola, ndipo chichokereni kugwa kwa kwacha ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, gemu ya madola 15 si yongogula chifukwa chakomedwa ndi kanema wake. Onjezani vuto lolipira kunja ndi khadi, mwezi wina imadutsa mwezi wina malire akwana. Kale ine ndi mng'ono wanga tinali ndi magemu angapo ofanana, kugula kawiri chinthu chimodzi nyumba imodzi. Pano selo ikayandikira, ya mu Juni kapena ya mu Disembala, timakhala pansi aliyense ndi mndandanda wake, kugwirizana kuti iwe gula iyi ine ndigula iyo. M'miyezi 11 imeneyi gemu yokhayo imene tagula kawiri ndi Stardew ija.

Si magemu onse amene amalowa mumphika. Opanga gemu ali ndi ufulu wokana kuti yawo isagawidwe, ndipo ambiri amene amafuna akaunti ina ya kampani yawo kuti atseguke salowa. Msuweni wathu ankayembekezera kuti azisewera gemu ya mpira ya kampani ya EA ndi GTA V za mng'ono wanga, anapeza kuti mulibe. Musanagule gemu ndi cholinga chogawana, yang'anani pa tsamba lake mu sitolo, pambali pamene amalemba zomwe gemuyo ili nazo pamakhala mawu oti Family Sharing, ngati palibe ndiye kuti ndi yanu nokha.

Nkhani ya bandulo ndiyenera kuikhalira pang'ono chifukwa kwa ife ndi imene ikanapha zonse. Kugawana gemu sikutanthauza kuti yalowa yokha mu kompyuta ya mnzako, aliyense ayenera kukhala ndi mafayilo ake, ndipo magemu ena amakono amaposa 100 GB. Mwezi woyamba bandulo ya pa rauta inatha pa 12, ndinachita kuzunguzika, kufufuza ndinapeza kuti anthu atatu adawuniloda gemu imodzimodzi aliyense payekha. Chimene chinatipulumutsa chili mu Steam momwemo, mu ma setting a Downloads muli pololeza kuti makompyuta amene ali pa rauta imodzi azipatsirana mafayilo a gemu. Mukasankha kuti anzanu a pa Steam aziloledwa, ndiye mmodzi amadawuniloda usiku, enawo amangokoka kuchokera kwa iyeyo osadya bandulo yambiri, bola kompyuta yakeyo ikhale yoyaka ndi Steam yotsegula. Tinaikanso lamulo loti ma apudeti asamayambe okha masana. Kuyambira pamenepo bandulo imafika kumapeto kwa mwezi. Ndipo ndikuuzeni, pa waya zimathamanga kuposa pa Wi-Fi, tinagula ka waya ka mamita asanu kolumikiza laputopu ku rauta chifukwa cha ichi chokha.

Magetsi akazima kapena netiweki ikagwa, magemu obwereka amatsegukabe pa offline mode, ichi ndinachiyesa kambirimbiri pa laputopu ndipo sichinandikhumudwitse, bola gemuyo ikhale kuti unaitsegulako kale uli pa intaneti. Pali kamsampha kamodzi kokha komwe tinagwamo tokha chifukwa chosawerenga. Mwana uja anasewera Stardew masiku atatu pa laputopu popanda intaneti, kenako anakasewera pang'ono pa desiki yanga, atabwerera pa laputopu Steam inamufunsa kuti asunge ziti, za mu kompyuta kapena za pa Cloud, pomwe Steam imasungira pa intaneti pamene munthu analekezera. Iye anangodina msanga osayang'ana madeti, ntchito ya masiku atatu inapita, khola la nkhuku limene anali atangomanga kumene linasowa. Analira ndithu, mwana wamkulu wa Fomu 2, ndipo ine sindinamuseke chifukwa ndikudziwa mmene anavutikira kusonkhanitsa matabwa ake aja. Pano aliyense pakhomo akudziwa, uthenga umenewo ukabwera werenga deti ndi nthawi kaye.

Mbali ya ana ndi imene achemwali anga amaikonda ngakhale iwo sanagwirepo gemu. Munthu ukamuika ngati mwana mugululi, wamkulu amasankha magemu amene angawaone, amatha kumutsekera sitolo ndi macheza, kumuikira maola, komanso kuona kuti wasewera nthawi yaitali bwanji. Ife tinaika ola limodzi masiku a sukulu, maola atatu Loweruka ndi Lamulungu. Nthawi ikatha iye atha kupempha yowonjezera, pempholo limandipeza pa foni, ndipo nthawi zambiri limabwera limodzi ndi mwini wake ataima pakhomo, amalume mundiwonjezereko mphindi 30 zokha ndatsala pang'ono kukolola. Ndimafunsa za homuweki kaye. Chimene chasintha n'choti sitikanganirananso za wotchi, kale amati wangoyamba kumene ine ndimati papita maola awiri, pano zonse zili poyera ndipo iye mwini anazivomera. Akafuna gemu yatsopano amatumiza pempho kuti ndimulipirire, khadi yanga saiona n'komwe, ichinso chimandipatsa mtendere.

Mchimwene wathu wamkulu ali ku Johannesburg ndipo ndiye ali ndi magemu ambiri kuposa tonsefe, ndiye poyamba tinkati alowe. Sizinatheke, akaunti yake ndi ya sitolo ya ku South Africa ya ma randi, yathu ndi ya kuno, ndipo gulu limafuna anthu a dziko limodzi. Valve imanena poyera kuti chinthuchi anachipangira anthu a nyumba imodzi. Zinatiwawa chifukwa kwa ife banja silithera pa mpanda wa nyumba, koma lamulo lake ndi limenelo ndipo linalembedwa tisanayambe.

Malo amene akanakhala a mchimwene aja ndi amene ndinapatsa mnzanga. Ndinkadziwa kuti sakhala nafe, ndinkadziwa zimene malamulo akunena, koma ndi munthu amene tinagona chipinda chimodzi zaka zinayi, amadya kwathu pafupifupi sabata iliyonse, ndiye atati aise ndiikemo inenso, kukana kunandivuta. Miyezi inayi zinayenda bwino, iyenso anabweretsa magemu ake abwino ndithu. Mu Febuluwale ndili kwawo ndinaona pa sikirini yake kapulogalamu kobera mu gemu ina yowomberana ya pa intaneti, gemu imene ndinagula ine. Mtima unagunda. Lamulo lake likuti wina akagwidwa akubera pogwiritsa ntchito kope yako, iwenso mwini umaletsedwa mu gemu imeneyo, ngakhale sunachite kanthu. Ndinamuuza kuti aise ukagwidwa ndigwidwa nawe limodzi, chotsa chimenechi. Iye ankati amangoyesa, aliyense amatero, ine ndikukokomeza. Tinalankhulana mawu olemera tsiku limenelo, ndipo patapita milungu iwiri anatuluka yekha mugulu osandiuza, ati akayambitsa lake ndi abale ake.

Apa ndi pamene tonse awiri tinaluza. Munthu wamkulu atha kutuluka nthawi iliyonse koma ayenera kudikira chaka kuchokera tsiku limene analowa asanayambitse kapena kulowa gulu lina, ndiye iye anakakamira panja, lake silinatheke. Ndipo malo amene wasiyawo nawo amatsekeka chaka, sungangoikapo munthu wina. Ine ndinaziwerenga izi tsiku loyamba lomwe, koma ndinaziona ngati nkhani ya anthu ena, ndinkati ife ndi ndani angatuluke.

Mu Epulo achemwali anatumiza mwana wawo wachiwiri, mtsikana wazaka 13, kudzakhala nafe chifukwa cha sukulu. Mwana wa m'nyumba weniweni, amene chinthuchi anapangira, ndiye alibe malo. Wakhala akusewera pa akaunti ya mlongo wake, kutanthauza kuti ola limodzi lija amagawana, ndipo nkhondo imene ndinkati inatha inabwereranso mwa mtundu wina, uyu akuti wadya mphindi zanga uyo akuti wagulitsa ng'ombe yanga. Tsiku lina anandifunsa modekha ali kutsuka mbale, amalume kodi ine mundiika liti ngati enawa, ndipo ndinasowa choyankha chabwino kupatula kumuuza zoona kuti malo ake ndinawapereka kwa munthu wina ndisanaganize bwino.

Ndi mnzanga uja tinagwirizananso, anabwera yekha kudzapepesa ndipo nanenso ndinapepesa pa mawu ena amene ndinanena. Sitinaletsedwe mu gemu ija, mwamwayi. Pano tikafuna kusewera limodzi timagwiritsa ntchito Remote Play Together, pomwe mmodzi yekha ndi amene amafunika kukhala ndi gemu yosewera awiri pa sikirini imodzi, winayo amalowa kudzera pa intaneti. Tamaliza nayo Portal 2 yonse ya awiri, ngakhale netiweki ikafooka chithunzi chake chimaduka-duka kwa iyeyo. Pa tsiku lake lobadwa ndinamugulira gemu ngati mphatso, ndi yake, achite nayo zimene akufuna, akaunti yanga siikhudzidwa. Njira ziwiri zimenezi zinalipo kuyambira kale, ndi zimene ndikanayamba nazo.

Ndiye mukandifunsa ngati ndipitiriza, eya, mosakayika, kwa anthu okhala denga limodzi ndi chinthu chabwino kwambiri chimene ndachiona pa Steam chiyambireni kugula magemu, ndalama zapulumuka, bandulo ikukwana, ana ali m'manja. Koma pa malo 6 aja werengani ndi anthu amene angabwere kudzakhala nanu chaka chisanathe, chifukwa nyumba zathuzi mumadziwa mmene zimakhalira, lero muli asanu mawa kwabwera mwana wa kumudzi. Mtsikana uja akaunti yake tinamutsegulira kale, ndinamugulira kagemu kamodzi kotchipa kuti akhale ndi kake, ndipo pa mndandanda wa zimene akufuna walembapo magemu 9, asanu ndi awiri mwa amenewo ali kale mumphika wathu, akungodikira chaka chikwane.