Leone kapena Corbucci: muyambe ndi makauboyi a ndani?

Anthu okonda mafilimu a makauboyi opangidwa ndi Ataliyana akakumana, mkangano sutenga nthawi kuyamba. Wina akangofunsa kuti munthu amene sanaonerepo ngakhale imodzi ayambire pati, gulu limagawanika pawiri, ndipo mbali zonse zimatchula dzina la Sergio. Ambiri amati Sergio Leone, nkhani yathera pomwepo. Ena, ochepa koma osagonja, amati Sergio Corbucci. Ine ndaonera mafilimu a onse awiri kambirimbiri ndipo mbali yanga ndili nayo, koma ndikufuna muone kaye chimene mukusankhacho, chifukwa opanga mafilimu awiriwa anatenga dziko limodzimodzi n'kuumbamo nthano ziwiri zosiyana kutalitali.

Onse anali ana a mumzinda wa Rome, a msinkhu umodzi. Corbucci anabadwa mu 1926, Leone mu 1929, ndipo anatsatana kumanda, Leone mu 1989, mnzakeyo mu 1990. Mu 1959 anagwirira limodzi ntchito ku Spain pa filimu yonena za mzinda wakale wa Pompeii. Dziko la kumadzulo kwa America analidziwira pa kanema, m'mafilimu a anthu ngati John Ford, mmene ngolo za atsamunda zimafika m'chipululu, kenako pamamangidwa tchalitchi ndi sukulu, mwamuna wachilungamo n'kuthamangitsa achifwamba kuti mtundu watsopano ubadwe. Ataliyanawa anachotsamo tchalitchi ndi sukulu zija. Chinatsala ndi fumbi, mfuti ndi ndalama. Anthu olemba za mafilimu kunja anapatsa mafilimu amenewa dzina lowanyoza lakuti spaghetti western, ndipo dzinalo linakanirira mpaka lero.

Leone ndi amene anatsegula njira, mu 1964, ndi A Fistful of Dollars. Ndalama zinali zochepa, choncho anatenga Clint Eastwood, amene panthawiyo ankangodziwika pa sewero la pa wailesi yakanema lotchedwa Rawhide. Nkhani yake anaitapa mu Yojimbo ya Akira Kurosawa ya 1961 popanda chilolezo, moti a ku Japan anamusumira ndipo iwo analipidwa. Pambuyo pake kunabwera For a Few Dollars More mu 1965, The Good, the Bad and the Ugly mu 1966, ndi Once Upon a Time in the West mu 1968. Zambiri anajambulira ku Almería, kummwera kwa Spain, m'chipululu cha Tabernas.

Chimene mumagula mukasankha Leone ndi nthawi. Munthuyu sathamanga. Taonani mmene filimu ya 1968 ija imayambira. Amuna atatu ovala majasi aatali afika pa kasiteshoni ka sitima pakati pa chipululu, akudikira. Nyimbo palibe. Chimamveka ndi chitsulo cha makina opopa madzi oyendera mphepo chikulira kwii kwii. Woody Strode waima pansi pa thanki yodontha, madzi akugwera pa chipewa chake dontho limodzilimodzi, mpaka atadzaza m'mphepete n'kumwa. Jack Elam akulimbana ndi ntchentche imene ikuyenda pandevu zake, kenako aitsekera m'kamwa mwa mfuti yake n'kumamvetsera ikulira mkatimo. Zimenezi zimatenga mphindi zoposa khumi. Sitima ikafika n'kuchoka, tsidya lina la njanji paima Charles Bronson akuliza kachitoliro kake kapakamwa, ndipo kuwomberana kwenikweniko kumatha musanaphethire kawiri. Kwa Leone imfa ili ngati mwambo: pali kusonkhana, pali kudikira, pali kuyang'anana m'maso, kenako chinthu chichitike kamodzi.

N'chimodzimodzinso kumapeto kwa The Good, the Bad and the Ugly. Manda a Sad Hill, amene asilikali a Spain anamanga dala chifukwa cha filimuyi kufupi ndi Burgos, ali ndi bwalo lozungulira lamiyala pakati. Eli Wallach amathamanga pakati pa mitanda kufunafuna dzina limodzi, nyimbo ya Ennio Morricone ikukwera, mawu a mayi Edda Dell'Orso ali pamwamba. Kenako amuna atatu aima m'bwalomo, kamera n'kumadumpha kuchoka pa maso a uyu kupita pa zala za uyo. Golide wa madola 200,000 ali pansi pa dothi. Leone ndi Morricone anaphunzira limodzi kupulayimale, ndipo pofika 1968 nyimbo zinkayamba zalembedwa, n'kumaziliza pamalo ojambulira kuti ochita sewero aziyenda motsatira kugunda kwake. Ichi n'chifukwa chake mafilimu a Leone amamveka ngati gule.

Ena amati Leone alibe chifundo, amangokonda kukongola kwa chithunzi. Sindivomereza. Mu The Good, the Bad and the Ugly muli mlatho umene asilikali a mbali ziwiri za nkhondo yapachiweniweni ya America akuferapo tsiku ndi tsiku popanda phindu, ndipo muli kamnyamata kovulala kamene Eastwood amakafunditsa jasi lake n'kukapatsa fodya kasanatsirizike. Koma n'zoona kuti anthu ake ndi akuluakulu kuposa anthu enieni. Ngakhale woipa amakhala ndi ulemerero. Mu Once Upon a Time in the West, Henry Fonda, amene Amerika anazolowera kumuona ngati munthu wabwino, amatulukira m'tchire ataphetsa banja lonse la McBain, kamera n'kuzungulira pang'onopang'ono mpaka mutaona maso ake obiriwira ngati thambo akumwetulira kamwana kamene katsala. Mumanyansidwa, koma maso simuchotsa.

Ndipo pamapeto pa zonse Leone amakhulupirirabe nthano ija, ngakhale mwachisoni. McBain anagula malo ouma m'chipululu chifukwa anadziwa kuti pansi pake pali madzi, ndipo sitima yamalasha singadutse popanda madzi. Mpondamatiki wa njanji, Morton, amafera m'mbali mwa kachithaphwi asanaone nyanja ya Pacific imene ankailota. Amuna a mfuti amafa kapena kuchoka. Wotsala ndi mayi wamasiye wa McBain, Claudia Cardinale, atasenza madzi kupita kwa anthu oyala njanji, tauni ikumera momuzungulira. Mbali ina ya filimuyi anakajambulira ku Monument Valley, ku America komweko, pakati pa mapiri amene John Ford ankakonda.

Tsopano Corbucci. Django ya 1966 imayamba ndi msana wa munthu. Alibe hatchi, chishalo wachisenza yekha, ndipo akukoka bokosi lamaliro ndi chingwe m'matope. Dzuwa la Leone kuno kulibe. Tauni yonse ndi matope ofika m'akakolo, nyumba zambiri ndi mabwinja, chamoyo ndi malo omwera mowa amodzi ndi amayi ochepa oyendayenda amene akudikira makasitomala a mbali iliyonse. Franco Nero anali mnyamata wazaka za m'ma 20 pamene ankasewera filimuyi, imene mbali yaikulu anaijambulira pafupi ndi Rome m'nyengo yozizira. Adani ake ndi gulu la Major Jackson, amuna ovala zigoba zofiira kumutu, amene masewera awo ndi kumasula alimi a ku Mexico kuti athawe n'kumawawombera kumsana ngati akalulu. M'bokosi muja muli mfuti yachiwaya.

Corbucci sadikira. Kamera yake imagwedezeka, imathamangira kumaso kwa munthu mwadzidzidzi, ndipo nkhanza zimabwera popanda kugogoda. Pali malo amene munthu amadulidwa khutu n'kumudyetsa. Ku Britain filimuyi sinaloledwe kuonetsedwa mpaka 1993. Ngwazi yake nayo siisungidwa bwino. Golide amene Django anamuvutikira amamira m'dambo, manja ake amaphwanyidwa ndi chitsulo cha mfuti ndi ziboda za mahatchi, ndipo nkhondo yomaliza amaimenya ali chogwada kumanda, atachotsa ndi mano kachitsulo koteteza chowombera, mfuti ataitsamiritsa pa mtanda chifukwa zala zakana. Eastwood amamenyedwa ndithu m'mafilimu a Leone, koma amachira. Django amachoka pamandapo ali wolumala.

Ndivomereze kuti Corbucci sanali mmisiri wosamala ngati mnzakeyo. Anapanga mafilimu ambirimbiri, ena mothamanga, ndipo zimaoneka. Pakati pa Django nkhani imafooka, anthu ena amangobwera kudzafa. Navajo Joe ya 1966, mmene Burt Reynolds amasewera ngati Mnavajo wobwezera, nyimbo zake n'zamphamvu kuposa filimuyo, ngakhale ndimaiyamikira poika mwini nthaka pakati pa nkhani, pamene kwa Leone eni nthaka a America amangowoneka pang'ono chabe. The Mercenary ya 1968 ndi Compañeros ya 1970 ndi za kuukira boma ku Mexico, zosangalatsa, zodzaza phokoso ndi nthabwala.

Koma pali The Great Silence ya 1968, ndipo apa ndi pamene mtima wanga unakodwa. Amene safuna kudziwa mathero alumphe ndime yotsatirayi. Nkhani ikuchitika ku Utah mu 1898, m'chisanu choopsa. Anakajambulira m'mapiri a Dolomites ku Italy, kufupi ndi Cortina d'Ampezzo, ndipo mahatchi amamira m'chipale chofewa mpaka m'mimba. Anthu otchedwa achifwamba ndi amphawi amene njala inawathamangitsira kumapiri atayamba kuba chakudya. Mutu wa aliyense uli ndi mtengo wake. Bwanamkubwa akukonza zowakhululukira, choncho alenje a anthu akupikisana kuti aphe ambiri chikhululukocho chisanalengezedwe. Mtsogoleri wawo ndi Loco, Klaus Kinski, wolankhula mofatsa ndi mwaulemu, woyenda ndi kabuku kolembamo mitengo. Mitembo amaikwirira m'chipale kuti isawole, kenako amaikweza padenga la ngolo ya apaulendo ngati katundu wopita kumsika. Zonse amachita motsatira lamulo, ndipo wobwereketsa ndalama wa m'tauniyo, Pollicut, amadyapo gawo lake.

Wolimbana naye ndi Silence, Jean-Louis Trintignant, amene anadulidwa pakhosi ali mwana kuti asaulule amene anapha makolo ake. Filimu yonse satulutsa liwu. Naye amabisala m'lamulo: amaputa mdani mpaka asolole mfuti choyamba, kuti akamuwombera zikhale zodziteteza. Pauline, mayi wachikuda amene mwamuna wake anaphedwa ndi Loco, ndi amene amamulemba ntchito, ndipo Vonetta McGee amasewera gawoli mokhudza mtima kuposa mkazi wina aliyense m'mafilimu amenewa. Usiku womaliza Silence amayenda m'chipale kupita kumalo omwera mowa kumene Loco wamangirira amphawi aja. Dzanja limodzi linapsa kale. Mumadikira chozizwitsa chimene mafilimu onse a makauboyi anakuzoloweretsani. Wina amamuwombera dzanja linalo kuchokera pawindo, Loco amamumaliza, Pauline amafera pamtembo wake, ndipo omangidwa onse amaphedwa pomwepo. Akuphawo amakwera mahatchi m'mawa kukatenga malipiro. Nditaonera koyamba ndinakhala duu pampando mpaka mayina onse atatha kudutsa. Corbucci anajambulanso mathero ena osangalatsa chifukwa cha ogulitsa mafilimu, koma enieni ndi amenewa. Morricone analembanso nyimbo za filimuyi, ndipo mluzu ndi zikwapu za kwa Leone mulibe, muli kulira kwapansipansi kokha.

Kusiyana kwawo ndi kumeneku. Kwa Leone dziko la kumadzulo ndi bwalo lalikulu lopanda lamulo, mmene amuna amphamvu amayesana mpaka njanji itafika n'kuwathetsa. Kwa Corbucci lamulo lafika kale, lili ndi chidindo ndi kaundula, ndipo ndi limene limalipira wakupha. Leone ndi katswiri woposa, pamenepo sinditsutsa. Koma ndikaganiza za mmene malire a dziko amalandidwira, amene amalemba mitengo ndi amene amafa, ndimakhulupirira Corbucci.

Pali zina zoti muganizire musanasankhe. Choyamba ndi nthawi: The Good, the Bad and the Ugly imayandikira maola atatu, Once Upon a Time in the West ndi mphindi pafupifupi 165, pamene Django ndi ola limodzi ndi theka. Kenako chowonera. Leone pafoni amafa, chifukwa chithunzi chake n'chotambalala ndipo nthawi zambiri chinthu chofunika chimakhala kakang'ono kumapeto kwenikweni. Mupezereni sikirini yaikulu ndi masipika abwino. Django imapirira pa kasikirini kakang'ono. Za mawu musadabwe milomo ikamasemphana ndi zolankhula, popeza mafilimu onsewa mawu ankawalowetsa pambuyo mu situdiyo, ochita sewero aliyense atalankhula chinenero chakwawo. Ife amene tinazolowera mafilimu omasuliridwa m'Chichewa m'mavidiyo sho izi si zachilendo. Kwa Leone tengani ya Chingerezi, chifukwa mawu a Eastwood ndi a Wallach ndi awo enieni. Django ya Chingerezi mawu ake si a Nero ndipo ndi ozizira, bola ya Chitaliyana yokhala ndi mawu olembedwa pansi. Chenjeraninso ndi dzinalo: filimu itatchuka, ena ambiri anamata dzina la Django pa mafilimu awo osagwirizana nayo n'komwe, ndipo Django Unchained ya Quentin Tarantino ya 2012 ndi nkhani inanso, ngakhale Nero amaonekeramo pang'ono. Ana asakhale pafupi mukamaonera za Corbucci.

Mnzanga akandifunsa, ndimamuyambitsa ndi For a Few Dollars More, imene anthu amaidumpha kawirikawiri. Muli Eastwood, muli Lee Van Cleef, muli Kinski, ndipo muli kawotchi kam'thumba kamene nyimbo yake ikatha munthu amafa. Akaikonda apite ku manda a Sad Hill, kenako ku matope a Django. Once Upon a Time in the West ndi The Great Silence zinatuluka chaka chimodzi, ndipo ndimamuuza kuti aziike motsatizana Loweruka ndi Lamlungu, ayambe ndi ya Leone.