Bandi kapena fulashi: woimba wongoyamba asankhe chiti?

Woimba amene amapeka yekha nyimbo akayamba kuitanidwa ku mashowo, amayenera kusankha msanga: akwere pa siteji ndi bandi, kapena apereke fulashi kwa DJ n'kumaimba motsatira biti yojambulidwa kale.

Ndalama
Fulashi: mumalipira thiransipoti yanu, mwinanso ovina awiri, basi.
Bandi: wa ng'oma, wa gitala, wa bezi ndi wa kiyibodi onse amafuna kangachepe. Palinso malo oyeserera ndi galimoto yonyamula zida. Anthu akabwera ochepa, mwini dzina ndiye amabwerera chimanjamanja.

Kuphweka
Fulashi: masana ku Lilongwe, usiku ku Salima.
Bandi: masabata oyeserera, ndipo wa ng'oma akadwala zonse zaima.

Kukoma kwa showo
Apa bandi ilibe mnzake. Anthu akatenthedwa mumaitalikitsa nyimbo, kapena kutsitsa zida kuti aimbe okha kolasi. Biti ya pa fulashi siyembekeza munthu, ikatha yatha. Ena amabisala kuseri kwa mawu ojambulidwa n'kumangokuwa, koma olipira pakhomo sachedwa kuzindikira. Malemu Lucius Banda anayenda zaka zambiri ndi Zembani Band, ndipo Black Missionaries imadzazabe malo chifukwa anthu amadziwa kuti akamva zida zenizeni.

Fulashi ikuyenera amene ali ndi nyimbo ziwiri kapena zitatu, wongopatsidwa mphindi zochepa asanakwere woimba wamkulu. Bandi ndi ya amene ali ndi nyimbo zokwana ola lathunthu komanso womulemba wolipira pasadakhale.