Trelby: yabwino polemba filimu ya ana, koma muyiyang'anire pa Chichewa

Magulu a zisudzo a ku Kasungu amene ayamba kujambula mafilimu a ana ambiri akulembabe mu Word, n'kumataya nthawi kukankha mayina ndi batani la space. Trelby, pulogalamu ya pa kompyuta yolembera mafilimu, imachotsa vuto limenelo. Ndi yaulere, imagwira pa Windows ndi Linux, ndipo ukaiika pa kompyuta sifunanso bandulo. Pa foni siigwira.

Mukalemba EXT. PA MJIGO - M'MAWA (EXT. kutanthauza kuti zikuchitikira panja), mzerewo umakhala mutu wa chochitika. Mukalemba dzina la wosewera n'kudina Enter, mumagwera pomwe pamalembedwa mawu ake. Mayina ndi malo omwe mwalemba kale imakukumbutsani yokha, choncho Chisomo sasanduka Chisomu pofika tsamba 20.

Chimene ndimaikondera kwambiri ndi malipoti. Character report imaonetsa mizere yomwe aliyense wayankhula. Pa filimu ya ana izi n'zofunika, chifukwa mwana wa sitandade 4 mukamusenzetsa theka la mawu onse, aloweza ngati ndakatulo ndipo pa kamera azingolakatula. Mukaona kuti wachulukidwa, gawirani mnzake mizere ina kapena musandutse zochita: m'malo monena kuti wakwiya, aponye chidebe pansi. Location report, yomwe imasanja zochitika potengera malo, imathandiza kujambuliratu zonse za pamalo amodzi tsiku limodzi, musamachite kubwerera ku Santhe chifukwa cha kachochitika kamodzi.

Pa Chichewa ndi pomwe imapunthwa. Chowunika masipelo chimadziwa Chingerezi chokha, musavutike nacho. Mtundu wa 2.2, wa mu 2012, sulandira chilembo cha ŵ, ndiye muzingolemba w wamba.

Lamulo loti tsamba limodzi la zilembo za Courier 12 ndi mphindi imodzi musalikhulupirire kwambiri. Mawu athu ndi aatali ndipo ana amayankhula mopumira. Awerengetseni masamba atatu mokweza mutagwira wotchi, mudziwe liwiro lawo lenileni musanalonjeze filimu ya mphindi 15.

Musanatulutse PDF onetsetsani kuti pepala lili pa A4, poti ndi lomwe amasindikizira m'mashopu a pa boma. Ctrl+S yosungira ntchito izikhala pafupi ndi chala, magetsi sachenjeza. Kwa wolemba yekha pa laputopu yakale ndi yokwanira, koma gulu lofuna kulembera pamodzi pa intaneti lifune ina monga WriterDuet.