Teen Club ya kuchipatala kwathu: anandinenera zimene ine zinkandikanika

Mwana wa malemu mkulu wanga ndakhala naye kuyambira ali ndi zaka zinayi. Tsiku ndi tsiku ankamwa mankhwala, ine n'kumamunamiza kuti ndi a mphumu. Atafika zaka 11, tsiku lina ndikusesa ndinapeza mapiritsi ataunjikidwa kunsi kwa mphasa. Kumufunsa, iye amvekere, "Amayi, inetu sindibanika, nanga ndimamweranji?" Kukamwa kunandiuma.

Tinakwera kabaza mpaka kuchipatala kwathu, cha ku Ngabu. Anamwino sanandikalipire, ndipo sanathamangire kutchula matenda. Ulendo woyamba anangojambula papepala asilikali a m'thupi ndi kachilombo kowafooketsa, n'kumuuza kuti mankhwalawo amakagonetsa tulo, ukasiya kumwa kamadzuka. Ulendo wachiwiri anamufunsa zomwe amamva kusukulu zokhudza Edzi. Mwanayo anati ukaitenga ndiye kuti wafa basi. Anamuwongolera mofatsa, osamuseka. Dzina loti HIV linatuluka ulendo wachitatu, ine ndili pambali, ndikunjenjemera kuposa mwiniwake. Anatembenukira kwa ine. "Amayi anga anapita ndi zomwezi?" Ndinavomera, ndipo ndinamuuza kuti iwo anachedwa kukayezetsa, pamene iye anayamba mankhwala akadali wamng'ono.

Apa m'pamene anamulowetsa mu Teen Club, gulu lomwe a bungwe la zaumoyo wa ana la Baylor anayambitsa ku Lilongwe. Amalandira achinyamata a zaka 10 mpaka 19 okhawo amene auzidwa kale za momwe alili. Amakumana Loweruka kamodzi pamwezi, choncho sukulu sajomba. Amakwera sikelo, kulandira ma ARV, kenako mpira ndi zisudzo. Chondisangalatsa kwambiri n'chakuti anapezako mtsikana wa Folomu 3, wojintcha bwinobwino, amene amamwa piritsi longa lake. Zimenezo ine sindikanamupatsa.

Zodandaulitsa zilipo. Amasonkhana pansi pa mtengo woyandikana ndi msewu, opita kumsika n'kumawerenga nkhope za ana. Mu Okutobala, ndi kutentha kwa kuno kuchigwa, ana amachita kulefukiratu podikira. Ndikupemphanso kuti dzinja likamayandikira aziwapatsiratu mankhwala a miyezi ingapo, chifukwa madzi akasefukira monga tinaonera ndi namondwe wa Freddy mu 2023, njira zimaduka.

Pano botolo lake amasunga yekha m'chikwama cha sukulu. Ikakwana 7 koloko madzulo amatunga madzi mumtsuko, n'kundiitana kuti ndimuone akumeza.