Ubongo wa Einstein ku Mütter Museum: timagalasi 46 ndi zimene mungaonepo

Amene akupita ku Mütter Museum, nyumba yoonetsera zinthu za mbiri ya zachipatala mumzinda wa Philadelphia ku America, kuti akaone ubongo wa katswiri wa fizikisi, a Albert Einstein, adziwiretu kuti sakapeza ubongo wathunthu uli m'botolo. Chimene chilipo ndi timagalasi 46 ta maikulosikopu, kalikonse kali ndi kachidutswa ka ubongo kopyapyala kwambiri, kopakidwa utoto wa pepo. Wofika osadziwa izi akhoza kutuluka akudandaula ndalama yake. Koma wodziwa chimene akuyang'ana apeza kuti timagalasiti tili ndi nkhani yaikulu, ngakhale kuti si nkhani ya komwe kumachokera nzeru.

Kufikako sikovuta. Nyumbayi ili pa 19 South 22nd Street, ndipo kuchokera pa siteshoni ya sitima ya 30th Street mumangowoloka mtsinje wa Schuylkill n'kuyenda wapansi mphindi zosapitirira 15. Eni ake ndi bungwe la madokotala la College of Physicians of Philadelphia, lomwe linayamba mu 1787. Dzina la nyumbayi ndi la dokotala wa maopaleshoni, a Thomas Dent Mütter, omwe anapereka katundu wawo wophunzitsira mu 1858. Kujambula zithunzi m'zipinda zoonetsera n'koletsedwa, choncho tengani kabuku ndi pensulo ngati mukufuna kusunga zimene mwaona. Lamuloli ndi loyenera, chifukwa zambiri zimene zili mmenemo ndi ziwalo za anthu enieni.

Kuti timagalasiti timveke, pafunika kudziwa mmene tinapangidwira. A Einstein anamwalira pa 18 April 1955 pachipatala cha Princeton ku New Jersey ali ndi zaka 76, mtsempha waukulu wa magazi wa m'mimba utaphulika. Dokotala wopima mtembo, a Thomas Harvey, anachotsa ubongo tsiku lomwelo n'kuuyeza pasikelo: magalamu 1,230. Umenewu ndi wopepukirapo poyerekeza ndi wa amuna ambiri akuluakulu, umene umakhala cha m'ma 1,350 mpaka 1,400, koma si wachilendo kwa munthu wokalamba chifukwa ubongo umachepa ndi zaka. Apa pokha nkhani yoti wanzeru amakhala ndi ubongo waukulu yagwa kale.

Ubongo wongochotsedwa kumene ndi wofewa ngati phala lolimba, ndipo umayamba kuwonongeka m'maola ochepa. A Harvey anapopera mankhwala a formalin kudzera m'mitsempha ikuluikulu yolowetsa magazi mu ubongo, kenako n'kuuviika wonse m'mankhwala omwewo. Kupoperako n'kofunika. Ukangoviika osapopera, kunja kumauma msanga pamene m'kati mukupitiriza kuwola, chifukwa formalin amalowa pang'onopang'ono. Atauumitsa anaujambula zithunzi mbali zosiyanasiyana, n'kupita nawo ku labu ya yunivesite ya Pennsylvania komwe unadulidwa zidutswa 240, ndipo analemba mapu osonyeza pamene chidutswa chilichonse chinachokera. Zidutswazo anazikwirira mu celloidin, mankhwala amene akauma amakhala ngati pulasitiki yofewa. Ntchito imeneyi imatenga masabata ambiri, koma ubwino wake ndi woti safuna kutentha monga sera wa paraffin, motero chidutswa chachikulu sichikwinyika kwambiri kapena kung'ambika pochidula. Pomaliza makina otchedwa microtome anasenga tizidutswa topyapyala ma micron 20 mpaka 50. Micron imodzi ndi gawo limodzi mwa magawo 1,000 a milimita, kutanthauza kuti tsitsi limodzi la m'mutu nthawi zambiri ndi lokhuthala kuposa kachidutswa kamene mukuona.

Utoto wa pepo uja dzina lake ndi cresyl violet, ndipo ndi umene umalamula zimene mungaone ndi zimene simungaone. Umagwira thupi la selo, osati timinyewa tataliatali tolumikiza selo ndi linzake. Ndi maso okha muona mzere wodera wopindikapindika m'mphepete, umene ndi khungwa la ubongo momwe maselo athithikana, ndi malo otuwa m'kati momwe mumadutsa timinyewa. Pansi pa galasi lokulitsa, maselo amaoneka ngati timadontho, tina tokulirapo, tina ting'onoting'ono. Mukhoza kuwawerenga, kuyeza kukula kwawo, kuona mmene afoledwera. Koma kulumikizana kwawo, komwe ndi kumene kuganiza kumachitikira, sikuoneka. Zili ngati kuwerenga nyumba za m'mudzi uli pamwamba pa phiri osaona njira zopita kunyumba ndi nyumba. Vuto lina ndi loti formalin amaphwanya DNA ikakhalitsamo, choncho kufufuza za chibadwa pa zidutswa zoterezi n'kovuta kwambiri.

Timagalasi ta ku Mütter tinadutsa m'manja angapo. A Harvey anatipereka kwa dokotala William Ehrich wa ku Philadelphia komweko. Iwo atamwalira, mkazi wawo anatipereka kwa dokotala wina, yemwe anadzatipereka kwa mayi Lucy Rorke-Adams, katswiri wa matenda a ubongo pachipatala cha ana cha mumzindawo. Mayiwa ndi amene anatipereka ku nyumbayi mu 2011.

Chimene mlendo afunika kubwera nacho m'mutu ndi mbiri ya kafukufuku, chifukwa kagalasi pakokha sikanena ngati zimene anthu amafalitsa zili zoona. Mu 1985 mayi Marian Diamond a ku yunivesite ya California ku Berkeley anapima zidutswa zinayi n'kuziyerekeza ndi ubongo wa amuna 11. Anapeza kuti pamalo amodzi, kumanzere cha pamwamba kumbuyo, maselo othandizira otchedwa glia anali ochulukirapo pa neuron (selo lotumiza mauthenga mu ubongo) iliyonse. Nkhaniyi inafala kwambiri. Koma taonani: malo anayi, kusiyana kooneka pamodzi pokha, ambiri mwa amuna 11 aja anali ocheperapo zaka kuposa a Einstein, ndipo opima ankadziwa kuti chidutswa ichi ndi cha a Einstein. Munthu ukayeza zinthu zambiri pa ubongo umodzi, china chake chimapezeka chosiyana basi, ngakhale ubongowo utakhala wa munthu wamba. Mu 1999 mayi Sandra Witelson a ku yunivesite ya McMaster ku Canada analemba m'magazini ya The Lancet kuti mbali ya ubongo yotchedwa parietal inali yotambalala ndi 15 peresenti, komanso kuti khwinya lina lotchedwa operculum linalibepo. Patapita zaka zoposa 10, mayi Dean Falk ndi anzawo anaunika zithunzi 14 za ubongowo zimene a Harvey anajambula, zomwe zinali zisanafalitsidwe, ndipo anati khwinyalo lilipo. Akatswiri awiri, ubongo womwewo, mayankho otsutsana. Gulu la mayi Falk linaonanso kamalo kotukuka pambali ya kumanja ya ubongo yolamulira dzanja lamanzere, chinthu chimene chimapezeka mwa anthu oimba vayolini kuyambira ali ana, monga anachitira a Einstein. Chimenechi n'chokhulupirikako, koma chikunena za vayolini, osati za fizikisi. Mu 2014 katswiri wa zamaganizo, a Terence Hines, anasanthula kafukufuku yenseyu n'kunena kuti palibe umboni wogwira mtima woti ubongowu unali wapadera. Pa mfundo imeneyi ali ndi choonadi: ubongo umodzi, wa munthu wa zaka 76, sungakuuzeni chimene chinkachitika m'mutu mwa mnyamata wa zaka 26 amene analemba mapepala otchuka a fizikisi mu 1905.

Pali nkhani ina yolemera kuposa zonsezi. A Einstein anafuna kuti thupi lawo liwotchedwe ndipo phulusa limwazidwe pamalo obisika, kuti anthu asamakapembedze manda awo. Thupi linawotchedwadi, koma ubongo unali utachotsedwa banja lisakudziwa, ndipo maso anapatsidwa kwa dokotala wawo wa maso, a Henry Abrams. Mwana wawo, a Hans Albert, anavomera pambuyo pake, malinga ubongowo ugwiritsidwe ntchito pa kafukufuku wa sayansi yekha. Chotsatira chake sichinali chaulemu. Mu 1978 mtolankhani Steven Levy anapeza a Harvey ku Wichita ku Kansas, zidutswa zili m'mabotolo awiri m'katoni ya zakumwa. Mpaka 1998 ndi pamene anabweza zotsalazo ku chipatala cha Princeton. Ndiye mukaima patsogolo pa timagalasiti, mukuyang'ana chiwalo cha munthu amene sanafune kuonetsedwa. Nyumbayi yakhala ikulimbana ndi funso lomweli pa katundu wake yense: mu 2023 inachotsa pa intaneti makanema ndi zithunzi zambiri za ziwalo za anthu kuti iunikenso mmene zinapezekera, ndipo panabuka mkangano waukulu pakati pa okonda nyumbayi. Kuunikako kunali koyenera, ngakhale kunawawa ena.

Pamene Mütter ikuperewera ndi pa ntchito ya mwini ubongoyo. Ndi nyumba ya mbiri ya zachipatala, choncho musayembekezere kuphunziramo fizikisi. Chodabwitsa n'choti umboni wa nzeruzo muli nawo m'thumba. Mawotchi a pa masetilaiti a GPS amathamanga ma microsecond pafupifupi 38 patsiku kuposa a pansi pano (microsecond ndi gawo limodzi mwa magawo miliyoni a sekondi): mphamvu yokoka ya dziko ikachepa amafulumira ndi 45, liwiro la setilaiti limawachedwetsa ndi 7. Popanda kukonza kusiyanako motsatira masamu a a Einstein a 1905 ndi 1915, mapu a pafoni yanu akanasokera makilomita pafupifupi 10 tsiku lililonse.

Timagalasiti simungatherepo mphindi zoposa 15, choncho ulendo wa tokhati sukwanira. Phatikizani ndi zina zili momwemo: zigaza 139 zimene anasonkhanitsa a Josef Hyrtl a ku Vienna, chiwindi cholumikizana cha mapasa Chang ndi Eng Bunker, ndi madilowa a zinthu zoposa 2,000 zimene dokotala Chevalier Jackson anachotsa pakhosi ndi m'mapapo a odwala. Maola awiri akukwanirani. Ophunzira udokotala, unamwino ndi ntchito za mulabu ndi amene apindule kwambiri. Ana aang'ono ndi anthu a mtima wofewa pa mitembo ndi bwino awerengeretu zimene zili m'katimo asanagule tikiti. Wofuna kuona zithunzi zimene a Harvey anajambula ndi timagalasi tochuluka adziwe kuti banja lawo linazipereka mu 2010 ku National Museum of Health and Medicine, yomwe ili ku Silver Spring ku Maryland, kufupi ndi Washington.